Apilo ya ndalama za chisamaliro ikatayidwa chifukwa mwini wake wajomba kukhoti

Akonzi,

Tiloleni kadanga m'nyuzipepala yanu kuti tikambepo za nkhani yomwe imasokoneza anthu ambiri banja likatha kukhoti. Khoti lagamula kuti mmodzi azipereka ndalama za chisamaliro kwa mnzake mwezi ndi mwezi. Wina sanakhutire, wachita apilo kukhoti lalikulu. Tsiku lomva apiloyo lakwana, mwini apilo sakuoneka. Ife ntchito yathu ndi yolangiza anthu pa milandu ya mabanja, ndipo maganizo athu tineneretu: khoti limachita bwino kutaya apilo yotereyi, bola liyambe latsimikiza kuti mwini wake anauzidwa za tsikulo, ndiponso lisiye mpata woti amene analephera pa chifukwa chomveka abwererenso. Chomwe chimatidandaulitsa n'chakuti mbali zonse ziwiri kawirikawiri sizimvetsa tanthauzo la mawu oti "apilo yatayidwa", ndipo kusamvetsako kumawononga zambiri kuposa kujombako.

M'chipinda cha khoti zimayenda motere. Kalaliki amatchula nambala ya mlandu ndi mayina. Woyankha apilo amaimirira. Mbali inayo kuli zii. Wantchito wa khoti amatuluka kukakuwa dzinalo pakhonde, n'kubwerera akupukusa mutu. Apa jaji amatsegula fayilo, koma chomwe akufunafuna si mfundo za apilo ayi. Akufuna pepala limodzi lokha, la umboni woti chidziwitso cha tsiku la mlandu chinafikadi kwa wochita apiloyo kapena kwa loya wake. Pepalalo limayenera kuonetsa amene analandira, tsiku lomwe analandira, malo, siginecha yake, ndi dzina la amene anakapereka. Likasowa, kapena likaonetsa kuti chidziwitso chinangosiyidwa kwa munthu wosadziwika pa adiresi yolakwika, jaji wosamala sataya apilo. Amaika tsiku lina n'kulamula kuti chidziwitso chiperekedwenso. Pepalalo likakhala labwinobwino, jaji akhoza kuuika kaye pambali mlanduwo kuti auitanenso ikatha milandu ina ya tsikulo, akhoza kuusunthira tsiku lina, kapena kutaya apiloyo pomwepo. Malamulo ambiri amati khoti likhoza kutaya, sanena kuti liyenera kutaya. Choncho jaji amayang'ana mbiri yonse ya fayilo. Kodi aka n'koyamba kujomba? Mfundo za apilo zinaperekedwa pa nthawi yake? Nanga ndalama zija zikuperekedwa?

Ena amati kutaya apilo munthu kulibe n'kupanda chifundo. Amaiwala kuti apilo si kuyambiranso mlandu. Chigamulo cha khoti loyamba chimatengedwa kuti n'cholondola kufikira wina ataloza pomwe woweruza analakwitsa: mwina anawerengera malipiro omwe munthuyo salandira, mwina sanaganizire kuti mnzakeyo ali ndi ntchito yake, mwina anagwiritsa ntchito lamulo molakwika. Woyenera kuloza ndi amene anachita apilo. Walira mvula walira matope. Iye akapanda kubwera palibe woti aloze, ndipo si ntchito ya jaji kumufunira zifukwa. N'chifukwa chake zimasiyana akajomba woyankha apilo. Pamenepo khoti limamva apiloyo iye kulibe, komabe wochita apilo sapambana chifukwa chongoti mnzake sanabwere. Amayenerabe kukhutiritsa jaji kuti chigamulo chinali cholakwika.

Palinso china chomwe anthu sakonda kuchinena poyera. Pa milandu ya chisamaliro, kuchedwa kumapindulira mbali imodzi. Wopereka ndalama amene wapeza chiletso choimitsa kaye chigamulo alibe changu chilichonse. Mwezi uliwonse womwe fayilo ikugona m'kabati ndi mwezi womwe iye sakupereka, pomwe mnzakeyo mwini nyumba akumugogodera. Khoti lomwe limangosuntha tsiku nthawi iliyonse wochita apilo akajomba limasanduka chida m'manja mwa wozemba.

Koma kutaya apilo chifukwa cha kujomba n'kosiyana kwambiri ndi kuikana itamvedwa. Dziko la India linalemba kusiyanaku momveka bwino. Lamulo lawo la kayendetsedwe ka milandu, Code of Civil Procedure la mu 1908, limanena pa Order 41 ndime 17 kuti wochita apilo akapanda kuoneka mlandu ukaitanidwa, khoti likhoza kutaya apiloyo. Mu 1976 anawonjezerapo mawu ofotokoza kuti mphamvu imeneyi siloleza khoti kugamula kuti apiloyo ilibe mfundo. Ndiye kuti jaji sanganene kuti waziwerengera yekha ndipo waona kuti madandaulowo ndi opanda pake, mwini wake asanamvedwe. Kusiyanaku si kwa mawu chabe. Apilo yokanidwa itamvedwa yatha m'khoti limenelo, ndipo njira yotsala ndi kupita kukhoti lapamwamba, komwe nthawi zambiri kumafunika chilolezo komanso ndalama zambiri. Apilo yotayidwa chifukwa cha kujomba imapemphedwa kubwezeretsedwa m'khoti lomwelo. Choncho choyamba kuchita munthu akamva kuti apilo yake yatayidwa ndi kupita ku ofesi ya khoti kukatenga lamulo lolembedwa, lokhala ndi chidindo, n'kuwerenga chifukwa chomwe jaji analemba. Osadalira zongomva kwa wina amene anakhala kumbuyo m'khoti. Munthu amene sanawerenge pepalali akhoza kutaya miyezi akugogoda pakhomo lolakwika.

Zotsatira za kutayidwako ndi zomwe zimadzidzimutsa ambiri. Chigamulo cha khoti loyamba chimaima monga chinalili, ndipo chiletso chomwe chinaperekedwa podikira apilo chimagwa limodzi ndi apiloyo. Chiletso sichifafaniza ngongole, chimangoletsa kuitolera. Tiyerekeze kuti khoti linagamula kuti ndalama ziyambe mu Januwale, wopereka anapereka miyezi 2 yokha, kenaka n'kupeza chiletso, ndipo apilo yatayidwa mu Epulo chaka chotsatira. Kuyambira Malichi kufika Disembala ndi miyezi 10, kuwonjezerapo Januwale kufika Epulo, yonse ikukwana miyezi 14. Yonseyo ikufunika nthawi imodzi, ndipo ya mwezi wa Meyi ili m'njira. Pamwamba pake khoti likhoza kulamula kuti wojombayo abweze ndalama zomwe mnzake anawononga poyankha apilo. Njira zotolera n'zodziwika: kudula pa malipiro kuntchito, kugwira ndalama za kubanki, kutumiza masherifu kukalanda katundu, ndipo kwa amene zatsimikizika kuti ndalama ali nazo koma akukana dala, ngakhale ndende.

Ambirinso amakhala alibe n'chiletso chomwe. Amaganiza kuti kungopereka pepala la apilo kumaimitsa chigamulo. Sikuimitsa. Lamulo la ku India lija limanena zimenezi pa ndime 5, ndipo malamulo a makhoti a mabanja ku England amanenanso chimodzimodzi. Chiletso chimapemphedwa pachokha, ndipo khoti likhoza kuchikana. Wina amene anasiya kupereka tsiku lomwe anachita apilo amakhala akuphwanya lamulo la khoti kuyambira tsiku lomwelo.

Ngati woyankha apilo nayenso anapereka dandaulo lake, mwachitsanzo loti ndalamazo n'zochepa, dandaulolo silifa chifukwa choti mnzake wajomba. Ku India ndime 22 ya lamulo lija imalola khoti kulimva ngakhale apilo yaikuluyo itatayidwa. Wojomba akhoza kupezeka kuti apilo yake yapita, ndalama zoti azipereka n'kukweranso.

Anthu amati mlandu suola. Apilo yotayidwa imaola, ndipo imaola msanga. Ku India pempho lobwezeretsa apilo liyenera kuperekedwa pasanathe masiku 30, ndipo masikuwo amawerengedwa kuchokera tsiku lomwe apilo inatayidwa. Wochedwa amayenera kupempha kaye khoti kuti limukhululukire kuchedwako, n'kufotokoza chifukwa chake. Ku Germany zimayenda mosiyana. Wochita apilo akajomba, mnzake amapempha khoti kuti liikane, ndipo wojombayo ali ndi masabata 2 kuchokera pomwe walandira chigamulocho kuti apereke pepala lotsutsa. Safunsidwa chifukwa chomwe anajombera. Koma akajombanso pa tsiku latsopano, mwayi wotsutsa umenewo sabwerezanso. Nthawi zimasiyana dziko ndi dziko, ngakhale khoti ndi khoti, choncho tsiku lomwe mukutenga lamulo lolembedwa lija funsiranitu ku ofesi yomweyo kuti muli ndi masiku angati, ndiponso akuwerengedwa kuyambira liti. Safunsa adadya phula.

Zomwe jaji amayang'ana pa pempholi zinalembedwa bwino m'malamulo a ku England a Family Procedure Rules a mu 2010, pa ndime 27.5. Wopempha ayenera kuonetsa zinthu zitatu, ndipo zonse zikwane: kuti anachita changu atangodziwa zomwe khoti lachita, kuti anali ndi chifukwa chomveka chosabwerera, ndi kuti mlandu wake uli ndi mwayi weniweni wopambana. Makhoti a m'mayiko ena amatchula ndi mawu awoawo, koma mafunso omwe jaji amafunsa sapita patali ndi amenewa.

Changu chimaonetsedwa ndi masiku. Pempho limapita limodzi ndi chikalata cholumbirira, ndipo m'chikalatamo mulembe tsiku lomwe munadziwa, amene anakuuzani, ndi chomwe munachita mawa lake. Masabata omwe sanafotokozedwe ndi omwe amapha mapempho ambiri. Munthu amene anadziwa pa 3 Juni n'kudzapereka pempho pa 28 Julaye, sherifu atafika kale pakhomo, jaji amamuona ngati wadzutsidwa ndi sherifu, osati ndi apilo.

Pa chifukwa chojombera, mawu okha sakwanira. Ngati munadwala, kalata ya dokotala ionetse tsiku lomwe anakuonani, vuto lake, ndi kuti vutolo silikanakulolani kufika kukhoti kapena kutsatira zokambirana. Kapepala kolembedwa patapita sabata, kongoti "wakhala akudwala", kopanda masiku, sikathandiza. Ngati munagonekedwa m'chipatala, pepala losonyeza tsiku lolowa ndi lotuluka ndi umboni wamphamvu. Ngati chidziwitso chinali ndi tsiku lolakwika, kapena mlandu unasamutsidwira chipinda china popanda kukuuzani, phatikizani chidziwitso chomwe munalandiracho, cholakwikacho chioneke ndi maso. Ngozi ya pamsewu ili ndi lipoti la apolisi. Zifukwa zomwe zimagwa kawirikawiri ndi izi: ndinaiwala, ndinatanganidwa kuntchito, ndimaganiza kuti tikukambirana kunja kwa khoti, ndinalibe ndalama yolipira loya. Chomalizachi chimamveka chachisoni, koma jaji amafunsa funso limodzi: bwanji simunabwere nokha kudzanena zimenezo? Munthu wopanda loya amaloledwa kuimirira n'kupempha nthawi. Wosamuka osauza khoti adiresi yatsopano nayenso sangadandaule kuti chidziwitso sichinamufike, chifukwa udindo wouza khoti ndi wake.

Nanga wojomba akakhala loya? Mu 1981 khoti lalikulu kwambiri ku India, pa mlandu wa Rafiq ndi Munshilal, linabwezeretsa apilo yomwe inatayidwa chifukwa loya sanabwere. Linati munthu amene wasankha loya, wamufotokozera mlandu, wamulipira, wachita mbali yake, ndipo si chilungamo kuti alangidwe chifukwa cha kulakwa kwa loyayo. Linalamulanso kuti ndalama zobwezera mbali inayo zichokere m'thumba la loya wojombayo. Mfundoyi ndi yabwino, koma osaigonera. Makhoti ena ndi ouma mtima pa nkhaniyi, ndipo ngakhale ofatsa amafuna loyayo alembe yekha chikalata cholumbirira chovomera zomwe zinachitika. Amafunanso kuona kuti mwini mlandu ankautsatira. Amene anakhala chaka chathunthu osafunsa loya wake kuti apilo ili pati sangabisale kumbuyo kwa loyayo.

Chachitatu ndi chomwe anthu amachiiwala, chifukwa mtima wonse uli pa kupepesa. Khoti silibwezeretsa apilo yoti ikagwa ndithu ikamvedwa. Phatikizani mfundo za apilo ku pempholo, ndipo mfundo iliyonse iloze tsamba la zolembedwa za mlandu pomwe cholakwikacho chili. Kungoti "ndalamazo n'zambiri" si mfundo. Mfundo ndi yoti woweruza anatenga malipiro asanadulidwe msonkho ngati ndalama yomwe munthu amapita nayo kunyumba, pomwe pepala la malipiro lomwe linaperekedwa ngati umboni likuonetsa zosiyana.

Pempholi liperekedwenso kwa mbali inayo, chifukwa ili ndi ufulu wolitsutsa. Dziwaninso kuti kupereka pempho sikudzutsa chiletso chomwe chinagwa. Chimapemphedwanso mwatsopano, ndipo pakadali pano ndalama zikufunika. Jaji akavomera kubwezeretsa apilo, kawirikawiri amaikapo zoyenera kukwaniritsa: kubweza zomwe mnzanu anawononga pa tsiku lotayikalo, kulipira gawo la ngongole pofika tsiku lakutilakuti, kupitiriza kupereka za mwezi ndi mwezi. Kulephera chimodzi mwa izi kukhoza kugwetsanso apilo. Ku England kuli mfundo yochokera pa mlandu wa Hadkinson wa mu 1952, yoti khoti likhoza kukana kumva munthu amene akunyozera dala lamulo lake kufikira atalimvera, ndipo makhoti a mabanja kumeneko amaigwiritsa ntchito pa ozemba ndalama za chisamaliro. Langizo lathu kwa wopereka ndi lakuti afike pa tsiku la pempholi atalipirako ndithu, malisiti ali m'manja.

Tinenepo za anthu omwe apilo sinali njira yawo n'komwe. Apilo imafunsa ngati woweruza analakwitsa potengera umboni womwe anali nawo tsiku limenelo. Ngati ntchito inakutherani chigamulo chitaperekedwa kale, kapena amene mukumusamalayo wakwatiwanso kapena wapeza ntchito yabwino, woweruza sanalakwitse kanthu. Zinthu ndi zomwe zasintha. Njira yake ndi kupempha khoti lomwe linagamula kuti lisinthe kuchuluka kwa ndalamazo, ndipo njira imeneyi imakhala yotsegukabe ngakhale apilo itatayidwa. Koma kusinthako kumayang'ana kwambiri za m'tsogolo. Musayembekezere kuti kufafaniza ngongole yonse yakale.

Sikuti wochita apilo nthawi zonse ndi wopereka ndalama. Nthawi zina ndi wolandira, amene akuti zomwe anapatsidwa sizikwana. Apa ndi pomwe tikupempha majaji adekhe. Munthu ameneyu kuchedwa sikumupindulira kanthu, ndipo kujomba kwake nthawi zambiri kumachokera pa umphawi womwewo womwe akudandaula: alibe ya thiransipoti, alibe womusiyira ana, alibe loya womukumbutsa tsiku. Lamulo ndi limodzi kwa onse, inde, koma popeza jaji anapatsidwa mpata wosankha, afunse kuti kuchedwaku kukudyetsa ndani. Kusuntha tsiku kamodzi kwa wolandira amene sanajombepo sikupweteka munthu. Kusuntha kachitatu kwa wopereka amene ali ndi chiletso ndipo sakupereka kalikonse n'kulanga amene anabwera.

Woyankha apilo naye asangokhala chete m'khoti n'kumadikira jaji amuganizire. Abwere ndi kope ya umboni woti chidziwitso chinaperekedwa, komanso pepala la ngongole lolembedwa mwezi ndi mwezi: ndalama zomwe zimayenera kubwera, zomwe zinabwera, zotsala, mogwirizana ndi malisiti kapena sitetimenti ya kubanki. Apemphe ndi pakamwa kuti apilo itayidwe, kuti chiletso chichotsedwe ndipo zilembedwe choncho, ndi kuti abwezeredwe zomwe wawononga. Kenaka atsatire kuti lamulolo lilembedwe, lidindidwe, liperekedwe kwa mnzakeyo, chifukwa bwana wa kuntchito kapena banki sadula ndalama za munthu potengera nkhani ya pakamwa. Asachedwenso kutolera. Ku England lamulo la Matrimonial Causes Act la mu 1973 limati ngongole ya chisamaliro yomwe yapitirira miyezi 12 singatoleredwe kudzera kukhoti popanda chilolezo chapadera.

Mavuto ambiriwa amapeweka ndi pepala limodzi. Mukadziwa kuti simukwanitsa kubwera, lemberani khoti tsikulo lisanafike, tchulani nambala ya mlandu, phatikizani umboni, tumizani kope kwa mbali inayo, ndipo kope yanu idindidwe ku ofesi ya khoti. Kalatayo si chilolezo. Tsiku limasuntha pokhapokha jaji atavomera, choncho pakhale wina woimirira mlandu ukaitanidwa. Wachibale sangakuyankhulireni mlandu, koma akhoza kupereka kalatayo n'kuuza khoti komwe muli. Mukafika mochedwa n'kupeza apilo yatayidwa, musabwerere kunyumba. Uzani kalaliki pomwepo, chifukwa jaji akhoza kuitananso mlanduwo tsiku lomwelo ngati mbali inayo ikadali pafupi. Ndipo amene wasintha maganizo pa apilo yake aichotse yekha polemba, m'malo mongosowa. Ndalama zobwezera mnzake zimachepa ngati mnzakeyo sanavutike kukonzekera ndi kubwera.

Kwa oyendetsa makhoti pempho lathu ndi laling'ono. Jaji asanataye apilo alembe m'fayilo kuti waona umboni wa chidziwitso, chinaperekedwa kwa yani ndiponso liti. Lamulo lotaya apilo linene poyera kuti yatayidwa chifukwa cha kujomba, linenenso za chiletso, ndipo pansi pake palembedwe m'mawu osavuta kuti wofuna kuibwezeretsa apite kuti, pasanathe masiku angati. Chiletso pa ndalama za chisamaliro chisamaperekedwe chopanda malire. Chizikhala ndi tsiku lothera, ndipo wopereka azilamulidwa kupitiriza kupereka gawo lomwe iye mwini sakulitsutsa m'mfundo zake za apilo.

Ndife,
Alangizi a zamalamulo pa milandu ya mabanja